Mlandu suwola: Fritz Fischer ndi nkhondo ya 1914

Pa 9 Sepitembala 1914 padachitika zinthu ziwiri m'malo awiri otalikirana zedi. Ku Karonga, asilikali a Majeremani omwe adawoloka mtsinje wa Songwe adathira nkhondo boma la Angerezi, koma adabwezedwa. Olamula mbali zonse ziwiri adali azungu, koma ambiri mwa ogwira mfuti, ndi ambiri mwa omwe adagona pansi osadzukanso tsiku limenelo, adali anthu akuda. Tsiku lomwelo ku Ulaya, nduna yaikulu ya dziko la Germany, Theobald von Bethmann Hollweg, idatumiza ku Berlin chikalata chondandalika zomwe dziko lake lidzatenge likapambana nkhondo. Chakumapeto kwa chikalatacho kudali mawu ochepa okhudza ife: adati nkhani yopeza dziko limodzi lalikulu, losadukiza, pakati pa Africa, adzaiona bwino m'tsogolo.

Chikalatacho chidagona m'mafaelo zaka zoposa 40 popanda wochilabadira. Yemwe adachifukula n'kuchiyala pabwalo adali Mjeremani mnzawo, Pulofesa Fritz Fischer wa pa yunivesite ya Hamburg, m'buku lomwe lidatuluka mu 1961 lotchedwa Griff nach der Weltmacht. M'chinenero chathu tingati "kulumphira mpando wa mayiko amphamvu pa dziko lonse". Bukuli lidautsa mapiri pachigwa. Kaya kudayamba kwakhalako buku lina la mbiri yakale lomwe lidakwiyitsa maprofesa, nduna ndi aphungu nthawi imodzi monga lidachitira limeneli.

Ndikudziwa ena mwayamba kale kung'ung'udza kuti za Majeremani zikutikhudza chiyani ife. Dekhani, abale anga. Ine si katswiri wa mbiri yakale ayi. Ntchito yanga n'kupeka ndakatulo ndi kugulitsa tinkhani m'manyuzipepala. Buku la Fischer, lomasuliridwa m'Chingerezi mu 1967 pa mutu woziziritsa woti Germany's Aims in the First World War, ndidaligula kwa mnyamata wina woyala mabuku akale m'mphepete mwa msewu ku Limbe, chikuto chitanyenyeka, litapanikizika pakati pa mabuku a masamu. Chidandikopa n'choti agogo anga ankakonda kusimba za bambo awo, omwe adatengedwa kukasenza katundu wa asilikali pa nkhondo imeneyi ndipo adabwerako mapazi atatha. Ndinkafuna kudziwa kuti adayatsa moto womwe udawawotchawo ndani.

Kuti timvetse chomwe Fischer adalakwira anzake, tiyambe ndi zomwe Majeremani ankakhulupirira. Nkhondo itatha, pangano la ku Versailles la 1919, m'ndime yake ya 231, lidasenzetsa Germany ndi mayiko ogwirizana naye udindo wa zonse zomwe nkhondoyo idaononga. Majeremani a zipani pafupifupi zonse adadana nayo ndimeyi. Unduna wawo woona za kunja udatsegula ofesi yapadera yolimbana ndi mlanduwu, n'kumathandiza olemba mbiri ndi ndalama, ndipo pakati pa 1922 ndi 1927 udasindikiza mavoliyumu 40 a zikalata zakale pofuna kuonetsa kuti dziko lawo lidali loyera m'manja. Khama lawo lidapindula. Ngakhale David Lloyd George, yemwe adatsogolera Britain kumapeto kwa nkhondoyo, adadzalemba kuti mayiko onse adangotererekera m'nkhondo mosafuna. Mu 1951 akatswiri a mbiri a ku France ndi Germany adakhala pansi n'kugwirizana kuti palibe boma kapena mtundu womwe udafuna dala nkhondo ya mu 1914.

Pambuyo pa 1945 chikhulupiriro chimenechi chidasanduka bulangeti lofunda. Za nkhondo yachiwiri, ndi kuphedwa kwa Ayuda 6 miliyoni, panalibe pothawira. Koma munthu ankatha kunena kuti imeneyo idali misala ya Hitler ndi gulu lake, ngozi yomwe idagwera mtundu wabwino. Nkhondo yoyambayo ndiye idalibe mwini. Choncho mbiri ya Germany idali ngati nsalu yoyera yokhala ndi dontho limodzi lokha, la zaka 12, kuyambira 1933 mpaka 1945. Fischer adabwera kudzanena kuti dontholo lidali litayamba kale kuyenderera.

Mkuluyu adabadwa mu 1908 ku Ludwigsstadt, m'chigawo cha Bavaria. Adayamba ndi maphunziro a zaumulungu asanatembenukire ku mbiri yakale, ndipo chodabwitsa n'choti limodzi mwa mabuku a unyamata wake lidali lokamba za Moritz August von Bethmann-Hollweg, agogo ake a nduna yaikulu yomwe adadzaiimba mlanduyo. Pa nkhondo yachiwiri adali msilikali, ndipo itatha adakhala m'ndende ya ogwidwa pankhondo mpaka 1947. Atatuluka adayamba kuphunzitsa ku Hamburg. Pa msonkhano wa akatswiri a mbiri ku Munich mu 1949 adaonetsa kale kuti ngwamakani: adadzudzula chiphunzitso cha mpingo wa Lutheran kuti chidazoloweza Majeremani kugwadira boma mosafunsa. M'zaka za m'ma 1950 adayamba kufufuza zikalata zakale za boma, kuphatikizapo zomwe zinkasungidwa ku Potsdam, m'dziko la East Germany, komwe akatswiri ambiri a kumadzulo sankapondako.

Zomwe adapeza zokhudza chiyambi cha nkhondo n'zosavuta kuzitsata. Pa 28 Juni 1914 mnyamata wa mtundu wa Serb adapha Franz Ferdinand, mlowam'malo wa mfumu ya Austria-Hungary, mu mzinda wa Sarajevo. Austria idafuna kukhaulitsa Serbia, koma inkaopa Russia, mkhalakale wa Serbia. Pa 5 ndi 6 Julayi, mfumu ya Germany, Kaiser Wilhelm II, ndi nduna yake yaikulu adauza Austria kuti ichite zomwe ikufuna, iwo ali pambuyo pake. Pa 23 Julayi Austria idapatsa Serbia mfundo zokhwima dala kuti zikanidwe, ndipo pa 28 idalengeza nkhondo. Sabata isanathe, Germany idali italengeza nkhondo pa Russia ndi France, n'kulowa m'dziko la Belgium, Britain nayo n'kulowerera. Fischer adaonetsa, kalata ndi kalata, kuti akuluakulu a ku Berlin sankangoonerera. Ankakankha Austria kuti ifulumire, ankazemba zoyesayesa za Britain zoyanjanitsa mbali ziwirizo, ndipo ankadziwa kuti moto wa ku Serbia ungathe kuyatsa Ulaya yense. Chigamulo chake mu 1961 chidali chodekha: sadanene kuti Germany idalakwa yokha, koma kuti gawo lalikulu la mlanduwo n'lake.

Komatu za Julayi zili m'machaputala oyambirira okha. Thunthu la bukuli, lomwe m'Chijeremani lili ndi masamba pafupifupi 900, likukamba zomwe Germany inkafuna kupindula. Apa ndi pomwe pakubwera chikalata cha pa 9 Sepitembala chija, chomwe adachikonza ndi mlembi wa nduna yaikulu, Kurt Riezler. France ifooketsedwe moti isadzadzukenso, ilipe chindapusa chachikulu, ndipo ilandidwe migodi ya chitsulo ya ku Briey. Belgium ikhale kapolo. Luxembourg imezedwe. Russia ikankhidwire kutali ndi malire. Mayiko a pakati pa Ulaya amangidwe mtolo umodzi wa zamalonda, chingwe chake chili m'manja mwa Germany. Kuno ku Africa, nduna yoona za atsamunda, Wilhelm Solf, idali italemba kale zokhumba zake: Congo wa Abelijiyamu, Angola, chigawo cha kumpoto cha Mozambique ndi madera a Afalansa a pakati pa Africa, zonse zilumikizidwe ndi mayiko omwe Germany idali nawo kale. Dziko lamalotoli adalitcha Mittelafrika. Tayang'anani pamapu muone kuti nyanja yathu ikadazingidwa motani.

Chomwe chidapweteka kwambiri si mndandandawu ayi, koma mayina a eni ake. Anthu ankadziwa kale kuti akazembe a nkhondo ndi magulu ena otentha mitu ankalota zolanda mayiko. Fischer adaonetsa kuti malotowo adalinso a eni mafakitale, eni mabanki, maprofesa, aphungu, ndi Bethmann Hollweg yemwe, munthu yemwe aliyense ankamuona ngati njonda yofatsa, yokonda mabuku. Adaonetsanso kuti zolingazi sizidasinthe kwenikweni mpaka 1918. Umboni wake ndi pangano la ku Brest-Litovsk la mu Marichi 1918, pomwe Germany, itagonjetsa Russia, idaichotsera Poland, Ukraine, Finland ndi mayiko a m'mbali mwa nyanja ya Baltic. Wowerenga wa mu 1961 sakadalephera kuona kuti mapu amenewa akufanana ndi omwe Hitler adawatsata zaka 20 pambuyo pake. Mfundo yoti pali ulusi umodzi kuchokera kwa Kaiser kufika kwa Hitler ndiyo Fischer adaigwiritsa moyo wake wonse. Buku lake la mu 1992 mutu wake ukunena mosapsatira kuti Hitler sadali ngozi ya pantchito.

Phokoso lake lidali losasimbika. Kumbukirani nyengo yake: 1961 ndi chaka chomwe khoma la Berlin lidamangidwa, ndiponso chomwe Adolf Eichmann adazengedwa mlandu ku Jerusalem. Munthu wokatenga umboni ku East Germany n'kumanyazitsa nawo makolo ake ankaoneka ngati kapirikoni. Yemwe adatsogolera omutsutsa adali Gerhard Ritter wa ku Freiburg, nkhalakale pa ntchitoyi. Mu 1964, chaka chokumbukira kuti patha zaka 50 chiyambire nkhondoyo, unduna woona za kunja udabweza ndalama zomwe zidakonzedwa kuti Fischer akayankhule m'mayunivesite a ku America. Akatswiri a kumeneko adakwiya, adapeza ndalama zina, ndipo ulendowo udachitikabe. Sipikala wa nyumba ya malamulo, Eugen Gerstenmaier, naye adamudzudzula poyera. Pa msonkhano wa akatswiri a mbiri ku Berlin chaka chomwecho, akuluakulu adabwera atanola mipeni, koma ophunzira omwe adadzaza holoyo adaombera m'manja Fischer ndi omuikira kumbuyo, monga Fritz Stern wa ku New York, yemwe banja lake lidathawa Hitler mu 1938.

Tisafulumire kumuyesa mfiti Ritter. Adamenya nawo nkhondo ya 1914 ali mnyamata, adaona anzake akufa, ndipo mu 1944 apolisi achinsinsi a Hitler adamutsekera chifukwa chodziwana ndi omwe ankafuna kugwetsa boma. Kwa iye, kunena kuti anyamata a 1914 adafera dyera la akuluakulu kudali kulavulira manda. Ankaopanso kuti mtundu womwe wauzidwa kuti mbiri yake yonse njowola sungaimenso chilili. Mantha amenewa ndi omveka. Koma ndi mantha a kholo, osati mfundo ya wolemba mbiri. Ndipo pomwe kholo lidathamangira ku boma kukapempha kuti pakamwa pa mnzake patsekedwe, lidaluza mlandu lisanauyambe.

Tsono ine monga wowerenga ndikuti bwanji? Choyamba, ulemu. Fischer salemba mokometsera. Ziganizo zake n'zolemera ngati matumba a chimanga, ndipo amaunjika makalata, mamemo ndi malipoti mpaka wowerenga kufuna kupempha madzi. Zidanditengera miyezi itatu kuti ndimalize, ndipo kangapo ndidagona bukulo lili pachifuwa. Monga wandakatulo ndidasowamo nkhope za anthu, fungo la malo, ngakhale nthabwala imodzi. Koma m'kupita kwa masamba ndidazindikira kuti kuumako ndiyo mphamvu yake. Akadalemba mwaukali, akadamutsutsa ndi ukali. Iye adangoitana akuluakulu a 1914 kubwalo, mmodzimmodzi, n'kuwawerengera zomwe adalemba okha ndi manja awo. Omutsutsa adakakamizika kupita kukatsegula mafaelo omwewo, ndipo ngakhale omwe adabwerako akukanabe chigamulo chake sadathenso kubwerera ku nthano yakale yoti Germany idangokankhidwira m'dzenje. Wakutsina khutu ndi mnansi.

Koma ulemu si kugwada. Chofooka choyamba chili pa chikalata chotchukacho. Chidalembedwa nkhondo itatha kale mwezi wathunthu, asilikali a Germany ali pafupi ndi Paris, aliyense ataledzera ndi chipambano. Masiku omwewo nkhondo ya pa mtsinje wa Marne idatembenuza zinthu. Zomwe munthu walakalaka ndewu ili mkati si umboni wa chomwe adayambira ndewuyo. Mbala ikalowa m'nyumba kudzaba wailesi n'kupezamo njinga, imatenganso njingayo, koma sitinganene kuti idabwerera njinga. Fischer adayesetsa kulumikiza zokhumba za mu Sepitembala ndi maganizo omwe ankamveka kale nkhondo isanayambe, ndipo ulusi wina ulipodi. Koma pali malo pomwe akulumpha ngalande n'kumayesa kuti wayenda pa mlatho.

Chachiwiri chili m'buku lake lotsatira, Krieg der Illusionen, la mu 1969, lomwe m'Chingerezi lidatuluka mu 1975. Atamenyedwa zaka zisanu ndi zitatu, mkuluyu sadabwerere m'mbuyo, adaumitsa khosi. Tsopano adati Germany idakonzekera nkhondoyi dala, ndipo china chomwe chidaikankha ndi mantha a olemera poona chipani cha anthu apantchito, cha Social Democrat, chikukula mpaka kukhala chachikulu m'nyumba ya malamulo pa chisankho cha 1912. Mwala wake wapangodya udali msonkhano wa pa 8 Disembala 1912, pomwe Kaiser adaitana akuluakulu a asilikali. Mkulu wa asilikali a pamtunda, Helmuth von Moltke, adafuna nkhondo msanga. Mkulu wa za sitima zankhondo, Alfred von Tirpitz, adapempha chaka ndi theka kuti amalize kukuza ngalande ya ku Kiel. Werengerani nokha: chaka ndi theka kuchokera pamenepo mukufika pakati pa 1914. N'zochititsa nthumanzi. Koma nduna yaikulu kudalibe ku msonkhanowo, ndipo Admiral von Müller, yemwe buku lake la tsiku ndi tsiku ndilo gwero la nkhaniyi, adalemba yekha kuti palibe chenicheni chomwe chidamangidwa. Akatswiri ambiri sadamutsatire Fischer pamenepa, ndipo ine ndili nawo. Buku loyamba ndi la munthu wodabwa ndi zomwe wapeza. Lachiwiri ndi la munthu wofuna kupambana mkangano.

Chachitatu ndi chomwe ife a kuno tingachione msanga kuposa a ku Hamburg. Fischer adayang'ana m'nkhokwe imodzi yokha. Sadafunse kuti nanga Britain, France ndi Russia ankalota zotani. Chonsecho mu 1915 Russia idalonjezedwa mzinda wa Constantinople, ndipo mu 1916 Angerezi ndi Afalansa adagawana mwachinsinsi mayiko a Aluya pa pangano la Sykes ndi Picot. Mittelafrika idathera papepala, koma opambanawo adagawanadi: Tanganyika kwa Angerezi, Rwanda ndi Burundi kwa Abelijiyamu, South West Africa kwa South Africa, Cameroon ndi Togo kuduladula pakati pa Angerezi ndi Afalansa, ngakhale Apwitikizi adatolako kachidutswa ka Kionga. Ndiponso mu 1913, chaka chimodzi nkhondo isanayambe, Britain ndi Germany ankakambirana mwaubwenzi za momwe angadzagawanire Angola ndi Mozambique. Anyani amasekana zikundu. Fischer akadayankha kuti ntchito yake idali kusesa pakhomo pake, ndipo yankholo n'labwino. Koma sungagamule kuti uyu ndiye wadyera kwambiri usanayeze mimba za enawo.

Chachinayi ndicho chidandiwawa. Ndidalowa m'bukuli kufunafuna bambo a agogo anga, ndipo sindidawapeze. Africa alimo, koma ngati mapu: migodi ya Katanga, madoko, njanji, mitengo ya mafuta. Munthu mulibe. Mulibe sitima ya Gwendolen yomwe pakati pa Ogasiti 1914 idalemaza sitima ya Majeremani, Hermann von Wissmann, padoko lomwe lero ndi Liuli. Mulibe John Chilembwe, yemwe mu Novembala 1914 adalembera nyuzipepala ya Nyasaland Times kufunsa chifukwa chomwe amphawi akuda ayenera kufera nkhondo ya eni chuma, miyezi iwiri asanadzuke ndi zida pa 23 Januwale 1915. Mulibe amtengatenga a dziko lino, pafupifupi 200,000, omwe adasenza mpunga ndi zipolopolo kuthamangitsa Paul von Lettow-Vorbeck mpaka adagonja ku Abercorn, komwe lero ndi Mbala, pa 25 Novembala 1918. Kunena zoona, limeneli silidali funso lake, ndipo wophunzira wake Imanuel Geiss adadzalemba buku lonse la mbiri ya gulu lomenyera umodzi wa anthu akuda. Komabe Fischer, podzudzula akuluakulu omwe ankaona Africa ngati nyama yogawana, naye adamuona kuchokera pa tebulo lawo lomwelo. Wofuna mawu a makolo athu apite kwa Melvin Page, yemwe adacheza ndi okalamba omwe adaiona nkhondoyo n'kulemba The Chiwaya War mu 2000.

Ndasunga chovuta kwambiri kumapeto. Fischer adamwalira ku Hamburg pa 1 Disembala 1999, akulemekezedwa ngati munthu yemwe adaphunzitsa mtundu wake kudziyang'ana pagalasi. Patangopita zaka zochepa, mu 2003, katswiri wachinyamata Klaus Große Kracht adachita zomwe Fischer yemwe adaphunzitsa: adapita kukatsegula mafaelo. Zidaoneka kuti Fischer adalowa gulu la SA, anyamata a zibonga a Hitler, mu 1933, n'kulowa chipani cha Nazi mu 1937. Adalandirako thandizo la ndalama kuchokera ku bungwe la Walter Frank, lomwe ntchito yake idali kulemba mbiri mokomera chipanicho. Sadali mkulu wa chipani, ndipo palibe adamuloza kuti adapha munthu. Koma sadalinso munthu wongoima pambali. Pomwe Ritter, woteteza mbiri ya Germany uja, adali m'chitokosi cha Hitler, woimba mlandu uja adali atanyamulapo khadi la chipani. Ndipo m'mabuku ake otchukawa, momwe adavundukula zinsinsi za akufa ambirimbiri, simupezamo tsamba lomwe adavundukula zake.

Nditamva zimenezi ndidaliika pansi bukulo kwa masabata angapo. Ndidadzimva ngati munthu yemwe wazindikira kuti mboni yomwe adaikhulupirira pabwalo idali ndi mlandu wake m'thumba. Kodi tizimukhulupirirabe? Ndalingalira, ndipo yankho langa lili pawiri. Zikalata zomwe adafukula sizisintha chifukwa cha khadi lake. Chikalata cha pa 9 Sepitembala chilipo, aliyense angathe kukachiwerenga; ubwino wa mbiri yolembedwa ndi umboni ndi womwewo, kuti imaima ngakhale mwini wake atagwa. Koma kawerengedwe kanga kasintha. Ukali wozizira uja, kukana kunyengerera kuja, tsopano ndikukumva ngati kwa munthu yemwe akudziwa matendawo chifukwa adadwalapo. Mwina mabuku akewo ndiwo adali kulapa kwake. Ngati ndi choncho, kudali kulapa kwa theka, kwa munthu woimirira m'tchalitchi n'kunena kuti "tachimwa" pomwe mawu ofunika adali "ndachimwa". Palinso china. Kunena kuti mtundu wonse udayenda njira imodzi kuchokera kwa Kaiser mpaka kwa Hitler n'kolimba mtima, komanso kumapeputsa katundu wa munthu mmodzi. Mtsinje ukakokolola mudzi wonse, ndani angafunse mnzake kuti bwanji iwe udanyowa?

Mkangano wa 1914 sudathe. Mu 2012 Christopher Clark wa ku Cambridge adatulutsa The Sleepwalkers, buku lokoma kuwerenga, lomwe lidabweza maso a anthu ku Belgrade, St Petersburg ndi Paris, n'kukumbutsa kuti Russia ndiyo idayamba kusonkhanitsa asilikali ake onse pa 30 Julayi. Clark adakana kufunafuna wolakwa mmodzi. Bukulo lidagulidwa ngati mandasi otentha ku Germany, ndipo ena adadabwa kuti kodi anthu akulikonda chifukwa cha umboni wake kapena chifukwa likuwabwezera bulangeti lija. Clark adachita zomwe Fischer adalephera: adayang'ana m'nkhokwe zonse. Koma nditawerenga onse awiri, sindikukhulupirira kuti anthu omwe adauza Austria pa 5 Julayi kuti "pitirizani" ankayenda ali m'tulo. Adali maso. Adaponya njuga, chikole chake chili miyoyo ya ana a eni, kuphatikizapo a ku Karonga omwe sadamvepo dzina loti Sarajevo.

Ndiye mukalipeza bukuli pa mulu wa mabuku akale, ligulani, koma muliwerenge ndi maso awiri. Diso limodzi lione munthu yemwe adalimba mtima kutsegula faelo la mtundu wake pomwe boma, akuluakulu anzake ndi manyuzipepala ena ankati litsekedwe. Linalo lione kuti faelo lomwe lidamukanika lidali laling'ono kwambiri, la dzina lake lomwe, ndipo adalitsegula ndi ena iye atapita. Ife olemba timakonda kuloza chala mafumu ndi nduna, ndipo n'koyenera. Koma aliyense wa ife ali ndi kabati yake.

Mwezi wathawu ndidadutsa pa chipilala cha asilikali a KAR ku Zomba. Ndidaima pang'ono kuwerenga mayina. La bambo a agogo anga palibe. Iwo sadagwire mfuti, adangosenza. Fischer adandiuza, mwa zina molondola, mwa zina mopyoza, za anthu omwe adayatsa motowo. Za omwe adapsa nawo kuno sadandiuze, ndipo sindikumudikiranso kuti andiuze. Imeneyo ndi ntchito yathu.